Simenti Yofiira ya a Alufeyo

Pamene a Alufeyo Namakhwa adasiya ntchito ya udalaivala paesiteti ya tiyi m'chaka cha 1955, adabwera kumudzi ndi chinthu chimene mkamwini wina aliyense anali asanabwerepo nacho: lole. Inali yakale, yosuluka utoto, ndipo m'mawa uliwonse inkayamba yatsokomola ngati nkhalamba isanavomere kulira, komabe inali yawoyawo. Ndi loleyo ankanyamula matabwa a mkungudza kuchokera ku Likhubula kukatula kusiteshoni ya sitima ku Luchenza, pobwerera n'kutenga mchere, palafini ndi anthu.

Mudziwo, umene unali m'tsinde mwa phiri, kunali kwawo kwa akazi awo, a Esteri. Zaka makumi awiri a Alufeyo adakhala pamenepo akulima munda wa eni, munthu wouzidwa nkhani eni ake atamaliza kale kupangana. Amene ankawayesa munthu anali mlamu wawo, a Moffat, mlongo wa a Esteri ndiponso mwinimbumba pamudzipo. A Moffat anali makanika paesiteti ina yakutali ndipo ankabwera kumudzi kamodzi pamwezi. Awiriwa adadziwana ali anyamata, ndipo ndi a Moffat omwewo amene adawatenga a Alufeyo n'kukawaonetsa kwa makolo awo.

Mvula ya ku Mulanje ilibe manyazi. Dzinja limodzi lokha limene lole idagona pansi pa mtengo wa mango, dzimbiri lidayamba kuidya m'mapewa. Choncho chilimwe cha 1956 chitafika, a Alufeyo adaumba njerwa, adapeza malata akale, n'kuitana Che Mustafa, mmisiri wa ku Chinakanaka amene adamangapo masitolo ambiri, kuti awamangire galaja pambali pa nyumba. Makoma adakwera bwino, denga lidakhomedwa. Mkangano udabuka atafika pansi.

Che Mustafa adayendayenda m'katimo akuponda ndi chidendene, kenako adatola dothi n'kulifikisa m'zala.

"Pano panali chulu, sichoncho a Namakhwa?"

"Chinalipo. Tidachigumula tokha chaka chatha."

"Chulu chimagumuka pamwamba, eni ake amatsala pansi," adatero mmisiriyo. "Njira ndikuziona ziwiri. Tikumbe dothi lonseli kulekeza m'bondo, tithiremo miyala ya kumtsinje, tiisinje, ndiye tiyale konkire yokhuthala ngati chikhatho choimika, pamwamba pokhakhala kuti mafuta akatayika munthu asaterereke. Koma simenti muli nayoyi singakwane, ndipo mukudziwa nokha kuvuta kwake kupeza ina. Njira yachiwiri, miyala yomweyo, mchenga pamwamba, kenako njerwa zowotcha zogoneka chammbali, zothinana. Simentiyi ingotseka m'mipata. Maso sangakondwere napo, koma lole yodzaza matabwa ingagonepo mpaka zidzukulu zanu zitamera imvi."

"Njerwa? Ngati khola la ng'ombe?" adafunsa a Alufeyo. "Ine ndikufuna simenti yosalala, yofiira, yoti munthu adzionerepo nkhope."

Panali chimene a Alufeyo sadanene. Zaka zonse za paesiteti, m'mawa uliwonse ankaima pabwalo la nyumba ya bwana, chipewa chili m'manja, kudikira kuuzidwa kopita. Kutsogolo kwawo kunkakhala khonde la simenti yofiira, yonyezimira, imene wantchito ankaipukuta chogwada. Galu wa bwana ankagonapo. Iwo sadapondepo ngakhale tsiku limodzi, mvula igwe dzuwa liwale. Kufiirako kudawakhala pamtima ngati munga wothyokera m'phazi.

"Kufiirako n'chovala chabe, bambo," adatero Che Mustafa mofatsa. "Mukayala simenti yopyapyala ngati chala pa dothi ili, ndiye kuti mwavundikira dzenje ndi mphasa."

"Che Mustafa, ine ndayendetsa galimoto mpaka ku Salisbury. Magalaja ndawaona."

"Mudaona pamwamba. Pansi pake simudakumbepo."

Mawu amenewa adawapsetsa mtima a Alufeyo chifukwa alamu awo ena aang'ono anali chapafupi akumvetsera. Adayankha kuti mwini galaja ndi iwo. Che Mustafa sadatsutse. Adasonkhanitsa zipangizo zawo m'thumba, n'kunena kuti makoma amanga, denga akhoma, koma dzanja lawo silingagwire ntchito yapansiyo. Adatsanzika mwaulemu n'kukwera njinga yawo.

A Alufeyo adalemba amuna awiri amene ankathandiza kukanda matope. Adasalaza dothi ndi makasu, adaliwaza madzi, adalipondaponda, n'kuyalapo simenti yosakaniza ndi utoto wofiira umene a Alufeyo adakagula kwa mmwenye ku Limbe. Itauma adaipaka polishi. Kunena zoona, padakongola. Dzuwa likalowera pakhomo, m'galajamo munkachita psuu, ndipo lole yakaleyo inkaoneka ngati mkwati.

Anthu adabwera kudzaona kuchokera m'midzi yoyandikana. Ankayamba apukuta mapazi paudzu asanalowe. Amayi ankaseka kuti galimoto ikugona pabwino kuposa anthu. Achibale a akazi awo, amene kale ankadikira kuti mkamwini ayambe ndiye kupereka moni, tsopano ankavula zipewa ali patali. A Moffat atabwera kutha kwa mweziwo adaima pakhomo manja ali m'chiuno.

"Alamu, mwaukweza mudzi uno," adatero. "Ngakhale kuntchito kwathu kulibe pansi potere."

Sadafunse chimene chinali pansi pa simentiyo, ndipo a Alufeyo sadanene.

Mvula idayamba mu Novembala, ndipo pofika Januwale phiri lonse linali kukha madzi. Ntchito yopukuta m'galaja inali ya a Esteri, Loweruka lililonse lole ikatuluka. Tsiku lina ali chogwada, chitini cha polishi chidawapulumuka n'kugwa pafupi ndi pamene tayala lakumbuyo linkaima. Sichidalire ngati chagwa pamwala. Adagogoda ndi nkhonya, n'kumva gu, gu. Pomwepo panali mng'alu wopyapyala ngati tsitsi. Patapita masiku atatu, mvula itakata chakumasana, adaona ngumbi zikutuluka pamng'alu uja, imodziimodzi, n'kumaulukira kukhomo.

"Bambo a Lily," adatero amuna awo atabwera, "pansi paja pakulira ngati ng'oma. Ndipo patuluka ngumbi."

"Simenti ikamakhwima imatero."

"Bwanji osawaitana Che Mustafa adzangoona?"

"Kuti akandiseke pamsika wonse wa Chinakanaka? Inu zanu n'zakumunda, izi zisiyeni."

Koma m'mawa mwake a Alufeyo adapita okha kukagogoda, ndipo adamva chimene akazi awo adamva. Adakhala chonjuta pamenepo nthawi yaitali. Adadziwa. Adaganiza za anthu opukuta mapazi paudzu, adaganiza za njerwa, n'kudziuza kuti chilimwe chikafika adzakonza mwakachetechete. Adakanda simenti pang'ono ndi utoto wotsala, adamata mng'aluwo, atauma n'kupakapo polishi. Sipadaonekenso kanthu.

"Musakauze munthu," adawauza a Esteri.

Mu Febuluwale, akuchokera ku Likhubula ndi matabwa, lole idagwera m'dzenje lobisika ndi madzi ndipo sipuling'i yakumbuyo idathyoka. Adafika nayo kunyumba chotsimphina. Mwayi wake, monga adaonera iwo, a Moffat anali atabwera dzulo lake. Lamulungu atachoka kutchalitchi adatsitsa matabwa, ndipo Lolemba m'mawa, anthu atapita kuminda, alamu awiriwa adalowetsa lole m'galaja kuthawa mvula yowaza.

A Moffat adakokera jeke pansi pa lole n'kuiimika. Idakhala ndendende pamalo omatidwa paja. A Alufeyo adaona zimenezi.

"Pansipa m'polimba, alamu?" adafunsa a Moffat mwachizolowezi, osayang'ana n'komwe. "Kapena tiikepo thabwa?"

Akadangoti inde, ikanipo thabwa, palibe akadafunsa chifukwa. Koma m'makutu mwa a Alufeyo funsolo lidamveka ngati mawu a Che Mustafa.

"N'simenti imeneyi, alamu," adayankha.

A Moffat adapopa jeke, lole idadzuka, adamasula tayala n'kuligubuduzira kukhoma. Kenako adati, "Katengeni zipika ziwiri tichirikize, jeke payokha sitiikhulupirira."

A Alufeyo adatuluka kupita kuseri kwa nyumba. Zipika zinalipo, koma zinali zokhakhala, ndipo adaganiza kuti zikanda simenti. Adayamba kufunafuna chiguduli choti ayale pansi. Adayang'ana m'khitchini, adayang'ana pankhokwe. Pamene ankachipeza, a Moffat anali atatopa kudikira ndipo adakwawira pansi pa lole kuti angoona pamene chitsulo chidathyokera.

Phokoso lake silinali lalikulu. Kudamveka tswa, ngati mphika wosweka, kenako chitsulo kugunda pansi. A Alufeyo adathamanga chiguduli chili m'manja. Jeke inali italowa pansi mpaka m'khosi, simenti itabooka ngati chigoba cha dzira, ndipo lole inali itatsamira pa chifuwa cha mlamu wawo.

Adayesa kunyamula ndi manja. Adakuwa. A Esteri adathamangira kuminda kukaitana anthu, ndipo amuna adabwera ndi mitengo ya bulugama kuti atukulire. Paliponse pamene ankatsamiritsa mtengo, simenti inkaphwanyika, mtengo n'kumira m'dothi lofewa. Adachita kukatenga matabwa a mkungudza aja n'kuyala pansi, ndipo pamene ankawasolola a Moffat, dzuwa linali litasendera.

Anali akupumabe, magazi akutuluka pakamwa. Adawayang'ana a Alufeyo amene adawagwira mutu.

"Musalire, alamu," adanong'ona. "Jeke yanga ija njakale."

Galimoto yokhayo m'dera lonselo inali yomweyo yogona chammbali m'galaja. Adamanga machila ndi bulangete n'kuyamba ulendo wa kuchipatala cha mishoni, akusinthana pamapewa, matope ali m'maondo. Mtsinje woyamba adawoloka. Pa wachiwiri adapeza madzi atadzaza, ndipo ali chidikire kuti aphwe, mmodzi wa onyamula adavundukula bulangete n'kulibwezeranso pang'onopang'ono. Adatembenuka n'kubwerera nawo kumudzi.

Pamaliro anthu adalankhula zambiri. Ena adati jeke ndiyo inali yotha, monga adanenera malemuwo. Ena ankanong'onezana kuseri kuti chuma cha mkamwini sichibwera chokha, lole imafuna magazi. A Alufeyo adazimva zonse ndipo ngakhale za ufitizo zidawapepukira kuposa zimene ankadziwa. A Esteri sadanene kanthu kwa munthu. Ankaphika, ankapereka madzi osamba, koma maso awo sankafika pankhope ya amuna awo. Ana anayi a malemuwo ankadutsa pagalaja choyang'ana kumbali.

Tsiku lometa litapita, a Alufeyo adatenga piki n'kulowa m'galaja. Adamenya kamodzi, piki idalowa yonse. Adayamba kukanganula simenti, ndipo inkachoka zibenthuzibenthu zopyapyala, zofiira mbali imodzi. Pansi pake panali mphako zokhazokha. Chiswe chinali chitamanganso mudzi wake, njira zake zili balala, ndipo madzi a kuphiri anali atakokolola dothi mpaka munthu kulowetsa mkono wonse osakhudza pansi. Adakumba mpaka galaja yonse idasanduka munda.

Achibale adasonkhana pakhomo kudzaona chimene chidawagwira. A Alufeyo adaika piki pansi n'kuwauza zonse: mawu a Che Mustafa, ngumbi, mng'alu umene adamata, funso la thabwa, ndi chiguduli. Palibe adawatukwana. Mng'ono wa malemuwo, amene tsopano anali mwinimbumba, adangoti, "Tamva." Patapita sabata adawatumizira mawu kuti ndi bwino akayambe apuma kwawo ku Nkando, mitima ya anthu izizire.

M'mawa wonyamuka, a Esteri adawaperekeza mpaka pamsewu, atawasenzera kamtolo ka zovala. Pofika pamphambano a Alufeyo adati, "Mayi a Lily, mlongo wanu ndidapha ndine. Inu mudandichenjeza."

A Esteri adatula kamtoloko n'kuwapatsa.

"Ndidakuchenjezani inu," adatero. "Achimwene sindidawauze. Adadya m'nyumba mwanga masiku atatu, ndipo m'mawa womwewo ndidawapatsa tiyi ndi manja angawa. Ng'oma ija ndidaimva ine poyamba, koma ndidapitiriza kupukuta."

Adabwerera kumudzi osacheuka. Mitima imene inkati izizire sidazizire, ndipo a Alufeyo sadaitanidwenso. Adakalamba ku Nkando akukonza njinga za anthu pansi pa mtengo, ndipo sadagwirenso chiwongolero. Lole idagulidwa ndi munthu wa ku Luchenza wofuna zitsulo. M'galaja muja a Esteri adayamba kusungiramo nkhuni.

Anthu a m'tsinde mwa phiri amene adaona kunyezimira kuja, n'kudzaonanso mphako zinali pansi pake, sadafune wowamasulira mawu amene makolo adasiya: chikomekome cha nkhuyu, m'kati muli nyerere.