Tsache la pa Dooko la Kumaloto

Senderani kuno ana inu, mumve za kale lija maloto asanayambe kuthawa. Masiku amenewo munthu akagona ankapita ndithu Kumaloto, ndipo podzuka ankakumbukira zonse, ngakhale maanga a nkhuku imene inamudutsa panjira.

Kumaloto kunalibe dzuwa, koma kunkayera mbee ngati ufa woyanika pamphasa. Mitengo inkayenda yokha kukamwa madzi, ndipo mtsinje unkakwera phiri mwakachetechete. Chodabwitsa koposa chinali nkhungu ya kumeneko. Inkatuluka m'nthaka, n'kumazungulira mlendo ngati ikumununkhiza, kenako n'kuumba chimene mtima wake ukusowa. Wankhuli ankapeza nyama yootcha. Mbeta inkapeza mwamuna, wa mano onse m'kamwa.

Tsono panali mayi wina woumba mbiya, dzina lake Nachisale. Mwana wake mmodzi yekhayo, Mpatseni, anamwalira atangoyamba kusenza kamtsuko. Masana Nachisale ankaumba mbiya zokhota pakamwa, poti mtima unali kwina. Koma akangogona, nkhungu inkamubwezera mwana uja, ndi kachipsera kake ka pachibwano komwe. Ankamuluka tsitsi, kumutongolera chimanga chootcha, ndi kumukalipira pang'ono akamatafuna akuyankhula.

Paja mlendo sanyamuka yekha, amaperekezedwa. Kumaloto mwambowo unalinso komweko. Tambala akakhala pang'ono kulira, Mpatseni ankaperekeza amake mpaka padooko. Mwini dookolo anali mayi wamtali wosaseka, Nanthambwe, amene ankangokhalira kusesa masamba ndi tsache lake. Lamulo lake linali limodzi: woperekeza azithera pagombe, za kuno sizioloka.

Koma mtima wa mayi sumva lamulo. Nachisale ankadzuka akukumbukira zonse, fungo la m'mutu mwa mwana, kutentha kwa kadzanja kake, ndipo nyumba yopanda mwana inkamuwawa kawiri. Tsiku lina ataima padooko anaona Nanthambwe wawerama, wawapatsa msana.

"Mwanangu, lero undiperekezeko pang'ono pokha, mpaka pamwala uwo."

"Amayi, a Nanthambwe akalipa."

"Aa, sakuona. Bwera ndikubereke, madzi angakunyowetse."

Anamuika kumsana, n'kumanga nsalu mfundo yolimba, n'kulowa m'madzi. Pamwala paja sanaime. Ali pakati pa mtsinje anamva kuti mwana wayamba kupepuka.

"Amayi, ndikumva kuzizira."

"Pirira mwanawe, kwathu ndi apa."

Anayenda pang'ono, madzi akufika m'chiuno. Kamawu kanabweranso, kochokera kutali ngati kam'chitsime.

"Amayi, kodi dzina langa ndani?"

Nachisale anathamanga. Potsegula maso anapezeka ali pamphasa yake, nsalu ili chimangire pachifuwa. Anapisa dzanja kumsana. Munalibe munthu, nsaluyo inangonyowa ngati yagona pamame.

Anagonanso dzuwa lili pamutu, osadya, kuti akamupeze. Atafika Kumaloto nkhungu inatuluka, inamuzungulira, inamuzunguliranso, koma sinaumbe kanthu. Nachisale analira mpaka mitengo inaima panjira kumuyang'ana. Kenako anapita padooko, nagwada.

"Pepani mayi, ndalakwa. Mwana wanga ali kuti?"

Nanthambwe anatsamira tsache lake. "Mwana wanu mwamumwaza nokha. Wasanduka mame, ena ali pa udzu wa tsidya lino, ena ali pa udzu wa tsidya ilo."

"Palibe chimene mungachite?"

"Kusesa ndimatha. Ndikhoza kumusonkhanitsa kadontho ndi kadontho. Koma mukamadzuka mukukumbukira, mudzamubanso, ndipo mukapanda kuba inu adzaba wina. Ndiye ndizisesa mapazi a aliyense wooloka pano, zimene waona zizitsala kuno. Mwana muzimuona, koma podzuka simudzadziwa kuti munali naye."

Nachisale anayang'ana mtsinje. Chuma chake chonse padziko chinali kukumbukira kumeneko, ndipo ndi chomwecho chimene Nanthambwe ankamupempha. Mtsinje unkangokwera phiri, osamuthandiza kuganiza.

"Nanga iyeyo azidziwa kuti ndabwera?"

"Iyeyo azidziwa."

"Sesani mayi."

Nanthambwe anayamba kusesa. Timadontho tinadzuka pa udzu, ta tsidya lino ndi ta tsidya ilo, tinakumana pamwamba pa madzi n'kusanduka nkhungu. Munatuluka kaphazi, kenako kadzanja, kenako kachipsera ka pachibwano. Mpatseni anayasamula ngati wangodzuka kumene.

"Amayi, tsitsi lija simunamalize kuluka."

Ndi chifukwa chake lero maloto amakuthawani musanafike ndi pakhomo pomwe. Mumati mufotokoze, mwangotsala ndi kamchira kokha, poti Nanthambwe wasesa kale m'mbuyo mwanu. Manthongo amene mumadzuka nawo m'maso ndi fumbi la tsache lake, ndiye musamanyinyirike akakuuzani kuti mukasukusule.

Anthu a m'mudzi anadandaula, makamaka wankhuli uja, koma sanadziwe woti amuloze chala. Nachisale mwiniwakeyo sanakumbukire kanthu. Ankangodabwa kuti m'mawa uliwonse amadzuka zala zitatopa ngati wachezera kuluka, ndipo kumsana kwake, pamene pamakhala mwana, pamakhala pofunda.