Katundu amene Njiri adabwera naye

Khulupirirani ngati muli ndi mtima: njiri imene mumaiseka ija idafika kunyanja ya mchere makolo anu asanaone ndi mkanda umodzi womwe. Mukutsutsa? Khalani pansi.

Kalekale, nyama zikadayankhula, kudali mnyamata wokongola dzina lake Njiri. Adali mkamwini, koma makasu sankalimira, ankagulitsa. Tsiku lina adamanga mtolo wa makasu, natsanzika mkazi wake Nachanza ndi ana, nalowera kum'mawa.

Adayenda, adayenda, nafika m'dziko la udzu wothithikana. Kumeneko amalonda ankaimika michira kuti wam'mbuyo asasochere. Njiri adaimika wake.

Adayendanso, nafika kwa angamila. Iwowa sadya, sasenza, asanagwade. Njiri adagwada nawo, makasu aja nasinthitsa ndi nsalu.

Adayendanso, nafika kwa ankhanu m'mbali mwa nyanja. Iwowa amalowa m'nyumba chafutambuyo, zopanira zitaloza kukhomo. Njiri adalowa choncho, nsalu zija nasinthitsa ndi mikanda.

Koma pobwerera bwato lidagudubuzika pamtsinje waukulu, mikanda yonse phu! Adafika kwawo chimanjamanja patapita zaka, napeza anthu, pomuyesa wakufa, maliro ake adameta kale, Fisi ali kalikiliki m'munda wa apongozi, kufunsira Nachanza.

Atsibweni ake a Nachanza adalamula kuti Njiri aonetse zomwe wabwera nazo, apo ayi banja latha. Iye adafotokoza za michira, za kugwada, za chafutambuyo. Bwalo lonse lidafa nako kuseka.

“Achimwene,” adatero Fisi, “zaka zonsezi mwangobwerako ndi mawondo okhakhala?”

Nachanza sadaseke. Adatunga madzi nampatsa mwamuna wake. “Bambo a ana, mwaonda. Imwani. Mikandayo ine sindidya.”

Fisi zidamuwawa. Paja iye sankafuna mkazi, ankafuna tiana tonenepa tija. M'mawa mwake, banja lili kudambo, adatentha tchire kuti ana abalalike awatole mmodzimmodzi.

Utsi tolo! Njiri adaimika mchira nauza onse kuti asayang'ane moto, ayang'ane mchirawo. Onse adaimika yawo, natsatana mpaka kuuna, osasowa ndi mmodzi yemwe.

Ana adalowa, Nachanza adalowa, atsibweni adalowa. Njiri adalowa pomaliza, chafutambuyo. Fisi adabwera akunyambita milomo, napisa mutu kuti agwire mwendo. Mwendo sadaupeze, adapeza minyanga ya Njiri. Adathawa akukhwekhwereza matako, mpaka lero sadawongoke.

Kunja kudatsala phulusa lokhalokha, ana nayamba kulira njala. Njiri adagwada, nafukula mizu ya udzu ndi mphuno. Onse adagwada, onse adakhuta.

Atsibweni, matope ali kukamwa, adati: “Mkamwini, katundu wanu taona. Sadamire uyu.”

Njiri adakalamba ndi Nachanza wake, akumukambira za ankhanu mpaka mkazi adaziloweza. Adamwalira wopanda mkanda, koma pitani kutchire mukaone zidzukulu zake: zimathamanga mchira uli njo, zimadya chogwada, zimalowa chafutambuyo.

Wapaulendo musamufunse za m'mtolo zokha, mumufunsenso zimene maso ake aona, poti zimenezo mtsinje sulanda. Yathera pompa, kaphuleni mbatata isapserere.

Zonsezi n'zoona, kupatula chimodzi chomwe ndawonjezera ndine: kukongola kuja. Njiri sadakongolepo chibadwire. Koma zimenezi musakamuuze Nachanza.