Gologolo Agula Dzina la Uchi

Gologolo ndi Njuchi anali anansi m'nkhalango ya Chinkhuti, ndipo chimene anakanganirana si malire a munda ayi, koma dzina. Chaka chimenecho Kangaude anali atayala ukonde wa intaneti m'nkhalango monse. Wamalonda aliyense ankagula dzina kwa iye, ndipo wofuna katundu ankangotchula dzinalo n'kutsata ulusi mpaka pakhomo pa mwini wake. Lamulo linali limodzi basi: wofika woyamba ndiye mwini dzina.

Tsono Gologolo anali woumira, wa mtima wa kokerakwako. Chuma chake chonse chinali nkhokwe ya mtedza, chakudya choti chimuolotse dzinja, ndipo ngakhale mwana wa mchemwali wake sanalawepo n'kanjere komwe. Atamva kuti kwina anthu amagula dzina motchipa n'kudzaligulitsa pamtengo wa ng'ombe, anauyamba ulendo nthawi yomweyo. Anafika kwa Kangaude thukuta lili kamukamu.

"Mundilembere dzina lakuti uchi," anatero Gologolo.

"Inu a Gologolo, mng'oma munautenga liti?" anafunsa Kangaude.

"Nanga lamulo lanu likutchula za mng'oma? Lembani inu! Ndipo ndilipiriratu zaka khumi, wina angandilande."

Kangaude anangogwedeza miyendo yake yonse n'kulemba. Atafunsa komwe amange ulusi wa dzinalo, Gologolo anati aumange pakhomo penipeni pa nkhokwe, kuti wogula asavutike kumupeza. Theka la mtedza linapita kwa Kangaude ngati malipiro tsiku lomwelo, mwini wake akumwetulira.

M'mawa mwake Njuchi anapita kukalembetsa malonda ake, n'kupeza dzina latengedwa kale. Anaulukira kwa mnansi wake uja ali ndi chisoni.

"Achimwene, uchi ndi ntchito yanga, ya amayi anga, ya agogo anga. Inu dzinali mupanga nalo chiyani?"

"Mayi, malonda ndi malonda, chinansi tikambirana tsiku lina," anayankha Gologolo akupesa mchira. "Mundipatse uchi wanu wonse wa zaka zitatu, dzina mutenge."

"Mukufuna kundidyera masuku pamutu!" anatero Njuchi. Anabwerera kwa Kangaude n'kulembetsa dzina lalitali, lakuti kwa mayi Njuchi pansi pa mkuyu, kenako n'kuuza makasitomala ake mmodzimmodzi. Gologolo atamva anaseka mpaka misozi, nati dzina lotere munthu akamamaliza kulitchula njala imakhala itamupha kale.

Ndipo ndithu, analipo mmodzi amene mawu ataliatali sankamukwana m'mutu. Ameneyo anali Chiuli, chinyama cha khungu lolimba, chokonda uchi kuposa mayi wake, chosadziwa kupepesa. Iye atamva za ukonde anangoti "Uchi!" n'kutsata ulusi mphuno ili pansi. Ulusi unamufikitsa pa nkhokwe.

"Odi! Uchi uli kuti?"

Gologolo anatuluka mwaulemu, poganiza kuti wogula uja wafika. "Takulandirani bwana. Pano uchi weniweniwo palibe, chimene tikugulitsa ndi dzina lokha."

"Dzina ndimwere madzi? Kadyeni nokha dzinalo! Ulusi wati uchi uli pano."

Abale inu, kufotokozera Chiuli za msika wa mayina n'kutaya malovu. Anakankha mwini nyumba, anang'amba nkhokwe, nafukula mtedza kufunafuna zisa za uchi. Atazisowa anadya mtedzawo kuti ulendo usapite pachabe, nachoka akunena kuti mawa adzapeze katundu wafika. Mawa lake anabweradi, mkuja anabwera ndi mlamu wake.

Gologolo anathamangira kwa Kangaude akulira. "Dulani ulusi uja! Fufutani dzina lija!"

"Zaka khumi munalipira nokha," anatero Kangaude osasiya kuluka. "Dzina lolipiridwa silikhala lopanda ulusi. Mukasamuka, ulusi ukutsatani. Lingakuchokeni pokhapokha wina atavomera kulilandira."

Gologolo anayenda nalo dzina lija nkhalango yonse ngati wogulitsa tomato woola. Nkhanga anakana, Fulu anabweza mutu m'chigoba, pakuti mbiri ya Chiuli inali itafika kale paliponse. M'nkhokwe munali mutatsala mtedza wa pansi wokhawokha, mitambo ya dzinja nayo ikusonkhana. Manyazi anamugwira, koma njala ilibe manyazi, choncho anatsitsa mchira n'kupita pansi pa mkuyu.

"Mayi, ndaganiza bwino. Ife ndi anansi. Mungondipatsa uchi wa chaka chimodzi."

Njuchi anapitiriza kuthira uchi m'mabotolo.

"Chabwino, botolo limodzi. Iyayi, tengani ulere! Ndiwonjezerapo ndi mtedza watsalawu!"

Apo Njuchi anatembenuka, nkhope yake ili ngwee. "Achimwene, ine ndimafuna kubwera kudzakuthokozani. Chibadwire changa, Chiuli wakhala akutiphwasulira mng'oma chaka ndi chaka, ana anga kumagona panja. Chaka chino chokha ndiye tapuma, ndipo makasitomala anga akundipeza bwinobwino. Dzinalo lisungeni, likukukhalani."

Gologolo anabwerera kwawo. Ali chapatali anaona fumbi pa nkhokwe, Chiuli ndi banja lake lonse akukokota mtedza womaliza. Dzinja limenelo anapulumukira ganyu yotsuka mabotolo kwa Njuchi, ndipo madzulo aliwonse akaweruka ankapeza Chiuli atakhala pakhomo pa nkhokwe ija, akufunsa ngati katundu wafika.

Phunziro: Usagule dzina la ntchito imene sugwira pofuna kufinya mnzako. Dzina limabwera ndi alendo ake, ndipo amene walitenga ndiye amawalandira.