Mudzi wa m'Laputopu ya a Mwavi

Pa esiteti ina ya fodya ku Lukwa, m'boma la Kasungu, munthu akasokonezeka ndi foni kapena kalata ya boma ankangouzidwa kuti, "Pitani kwa a Mwavi." A Ephraim Mwavi anali kalaliki wa pamalopo kwa zaka khumi ndi ziwiri. Ndiwo ankalemba mayina a matenanti, ndiwo ankadziwa belo lililonse lotuluka m'chigafa, ndipo ndiwo okha anali ndi laputopu yawoyawo, yokalamba ndithu, imene ankaitchaja pa sola ya ku ofesi. Kufunsidwa tsiku ndi tsiku kuli ngati thobwa logonera: kumakwera m'mutu mwakachetechete. A Mwavi anazolowera kuyankha mpaka kufunsa kunayamba kuwalemera pakamwa.

Pakhomo ankakhala ndi akazi awo, a Maureen, komanso mlamu wawo Yobu, mlongo wa a Maureenwo. Yobu anabwera kuchokera ku Phalombe chaka chimene namondwe wa Freddy anagumula mapiri. Matope ndi miyala zinakokolola mudzi wawo wonse, zinatenga mkazi wake, iye n'kutsala ndi mwendo umodzi. Khasu silinali lakenso. Pa esiteti anamupatsa ntchito yosankha fodya, yogwira chokhala pansi, ndipo ankaigwira bwino, koma anali munthu wa mawu owerengeka. Akaweruka ankangokhala pakhonde, ndodo zake atazitsamiritsa kukhoma, maso ali kudambo.

Mu laputopu ija munali gemu ina imene mwini wake woyamba anaisiyamo, gemu yomanga zinthu ndi timiyala tangati njerwa. A Mwavi ankaiona ngati chibwana. Tsiku lina anamupatsa mlamu wawoyo kuti azitayirako nthawi, osadziwa kuti amupatsa ntchito ya chaka ndi theka. Yobu anayamba ndi nyumba imodzi, ya zipinda ziwiri, ya chitseko choyang'ana kuphiri. Kenako anamanga khola, nkhokwe, njira yopita kumjigo, tchalitchi cha denga lopindika. A Maureen atasuzumira tsiku lina anakhala pansi mwadzidzidzi, dzanja lili pakamwa.

"Iyi ndi nyumba ya amayi," anatero. "Yobu, ukumanga kwathu?"

Mbiri inawanda. Pa esitetipo panali mabanja asanu a matenanti ochokera kudera lomwelo, ndipo Lamulungu lililonse masana ankadzaza pakhonde pa a Mwavi. Aliyense ankabwera ndi chimene ankakumbukira. Mmodzi ankati mtengo wa mango unali kumanzere kwa chigayo, osati kumanja. Wina ankatsutsa mpaka thovu kukamwa. Mkulu wina, a Tsoka, amene anali mmisiri wa nyumba kwawoko, ankadziwa nyumba iliyonse ndi mwini wake, ngakhale za anthu amene sanapezeke m'matope muja. Iwo ankatchula, Yobu n'kumamanga. Pofika nyengo yogulitsa fodya ya chaka chachiwiri, m'laputopumo munali nyumba makumi asanu ndi limodzi mphambu zitatu, iliyonse ili ndi kachikwangwani ka dzina pakhomo. Fodya atatha kugulitsidwa, mabanja atatu, kuphatikizapo la a Tsoka, anakwera lole kukafuna malo kwina, monga amachitira matenanti, koma anapita akudziwa kuti mudzi wawo autsekera pabwino.

Ndi m'mwezi wa Seputembala pamene laputopu inayamba kudwala. Poyatsa inkatenga nthawi yoti munthu n'kusamba n'kuvala. Inkangoima pakati pa ntchito, nthawi zina n'kuzima yokha. A Mwavi anaganiza zopita nayo ku Kasungu boma, kwa mayi wina wokonza makompyuta, dzina lake Gladness. Atamuimbira foni, iye anawauza mosabisa kuti mwina adzafunika kufufuta zonse za mkatimo n'kuikamo zatsopano, choncho akopere pa fulashi chilichonse chimene akuchifuna.

Loweruka m'mawa a Mwavi anakhala patebulo ndi fulashi yawo. Anakopera makalata a ku ofesi, zithunzi za ukwati, nyimbo za kwaya. Yobu anali pambali, akuyang'ana ngati munthu amene mwana wake akupita naye kuchipatala.

"Alamu, nanga mudzi uja?"

"Ndi uwu apa," anayankha a Mwavi. Pa sikirini panali kachithunzi ka gemu, kamene Yobu ankadina akafuna kulowa. Anakakoka n'kukaponya mu fulashi. "Basi, walowa."

"Msanga chomwecho? Zithunzi zija zinatenga nthawi, koma mudzi wonsewu kuphethira kamodzi?"

Funsolo linawabaya a Mwavi, pakuti nawonso anali ataona zomwezo. Nyumba makumi asanu ndi limodzi, mitengo, phiri, mtsinje, zonsezo kulowa ngati kambewa kolowa kuuna? Koma a Maureen anali chiimire pakhomo akumvetsera, ndipo a Mwavi sanafune kuoneka ogwedezeka.

"Zinthu za makompyuta sizilemera ngati mabelo, alamu. Musadandaule."

"Mukafunsebe kwa okonzawo. Kufunsa sikulipiritsa."

"Ndinayamba kugwira laputopu inu musanaione n'komwe," anatero a Mwavi, akutseka chikwama.

Mu minibasi nkhawa ija inakwera nawo. Anatsimikiza mumtima kuti akafika akafunsa, mwakachetechete, ngati nkhani yongodutsa. Koma atalowa m'kashopu ka Gladness anapeza anthu atatu ali pabenchi, ndipo mmodzi anali Geoffrey, dalaivala wa thirakitala wa pa esiteti yawo yomwe, amene anabwera kudzakonzetsa foni.

"Eee, afika akatswiri!" anafuula Geoffrey. "Achemwali, awa ndiye musawaphunzitse kanthu. Kwathu kuja kompyuta imawaopa."

Anthu anaseka, a Mwavi nawo anaseka, ndipo funso lija linabwerera kummero.

Gladness anali mayi wodekha, wa magalasi, wosachulutsa nkhani. Anayatsa laputopu, anaiyang'ana kwa kanthawi, n'kunena kuti palibe kuchitira mwina, iyenera kufufutidwa.

"Mwakopera zonse, bambo?"

"Zonse."

"Ndikuona muli gemu umu. Alipo amene amasewera? Chifukwa ngati alipo..."

"Ndasamala kale zimenezo," anamudula a Mwavi. "Ndakopera ndekha m'mawa uno."

Gladness anawayang'ana pamwamba pa magalasi. "Mungandipatse fulashiyo ndione? Sizitenga nthawi."

Fulashi inali m'thumba la malaya, ndipo dzanja la a Mwavi linayamba kupita komweko. Geoffrey anali akumwetulira, kudikira kuona katswiri wake akuyesedwa mayeso ngati mwana wa sukulu. Dzanja lija linatembenuka n'kukakanda chibwano.

"Mayi, ine ndine kalaliki. Kukopera fayilo si chinthu choti wina azindionera. Pangani ntchito yanu, ndili ndi zina zoti ndikagule."

"Chabwino, bambo," anatero Gladness, ndipo anadina batani.

Madzulo a tsikulo laputopu inabwerera ku Lukwa ikuthamanga ngati yatsopano. A Mwavi anabwezeramo makalata, zithunzi ndi nyimbo, zonse zili bwinobwino. Kenako anakoka kachithunzi ka gemu kaja n'kukaika pa sikirini, n'kumukankhira Yobu laputopuyo monyadira. Yobu anadina. Panatuluka kabokosi ka mawu a Chingerezi onena kuti chinthu chimene kachithunzika kakulozera sichikupezeka. Anadinanso. Mawu omwewo.

"Ndi gemu chabe imene yachoka," anatero a Mwavi. "Tikaibwezeramo, mudzi ubwera."

Lolemba anapempha tchuthi cha tsiku limodzi n'kubwerera ku boma. Ulendo uno pabenchi panalibe munthu. Gladness anaikamo gemu ija, n'kuitsegula. Panaoneka chigwa chobiriwira, mitengo ya apo ndi apo, nkhosa ziwiri zikudya msipu. Panalibe nyumba ngakhale imodzi.

"Ndipatseni fulashi ija," anatero Gladness. Ataitsegula anapumira m'mwamba. "Bambo, ichi mwakoperachi si gemu, komanso si zimene munthu wamanga. Ndi chikwangwani cholozera njira basi. Zili ngati mwazula chikwangwani cha pamsewu cholembedwa kuti Lukwa, n'kuchinyamula, n'kumati mwasamutsa Lukwa yense."

"Nanga zomangazo zimakhala kuti?"

Kanali koyamba pa zaka zambiri a Mwavi kufunsa munthu funso la kompyuta, ndipo linatuluka mosavuta, moti anadabwa chimene chinkawalemera. Gladness anawakokera mpando pafupi ndi kompyuta yake, mmene munalinso gemu yomweyo. Anawaonetsa kuti gemu imakhala pena, zosunga zake pena. Magemu ena amasunga mufoda ya makalata, pamalo oonekera. Ena, ngati iyi, amasunga mufoda yobisika, pansi pa dzina la mwini kompyuta, imene siioneka pokhapokha utaiuza kompyuta kuti ionetse zobisika. Analemba mawu ochepa m'kabokosi kofufuzira, foda inatseguka, mkati mwake munali ina ya dzina la gemuyo, ndipo mkati mwa iyo munali mafoda ang'onoang'ono, iliyonse ili dziko lathunthu limene munthu anamanga.

"Mukanangokopera kafoda kamodzi ngati aka," anatero. "Ndi zimene ndinkafuna kukuuzani Loweruka lija. Ntchito ya mphindi ziwiri."

A Mwavi anayang'ana kafodako. Kenako anafotokoza zonse: za Phalombe, za Yobu, za a Tsoka ndi mayina a pamakomo. Gladness anavula magalasi n'kuwapukuta ndi nsonga ya chitenje.

"Isiyeni laputopuyi masiku awiri. Pali njira yofufuzira zofufutidwa, koma ndisakunamizeni. Taika zatsopano pamwamba pa zakale, ndipo inu mwabwezeramonso zanu. Munda ukagawulidwa kawiri, mizere yakale sioneka."

Lachitatu Gladness anawaimbira. Anali atapeza zithunzi zingapo zakale ndi kalata imodzi ya feteleza. Za mudzi uja anapeza tizidutswa tosatseguka.

A Mwavi anazungulira m'munda wa fodya wosalima mpaka dzuwa kupendeka, kusowa poyambira. Atafika pakhomo anapeza Yobu ali pakhonde akusoka nsapato yake imodzi ija. Anakhala pambali pake n'kunena zoona zokhazokha, osachotsera: kuti anakayika kuyambira pachiyambi, kuti mayi uja anapempha fulashi iwo n'kukana, kuti anaopa kusekedwa ndi Geoffrey.

Yobu sanakweze mawu. Anamaliza kusoka, analuma ulusi, n'kuika nsapato pansi.

"Nyumba yathu komanso ya amayi ndingathe kuzimanganso," anatero. "Za tsidya la mtsinje zija ankadziwa ndi a Tsoka. Ine mayina aja sindingawakumbukire onse. Ena anali ana."

"Tiwafunafuna a Tsoka, alamu. Ndiyesetsa."

"Yesani. Koma musandiuze kuti musadandaule. Mawu amenewo munandiuza kale."

A Maureen, amene anamva zonse ali m'nyumba, sanawayankhule amuna awo masiku atatu. Lamulungu lotsatira mabanja awiri otsala aja anabwera monga mwa nthawi zonse. Panalibe wina woti awafotokozere koma a Mwavi eni ake, ataimirira pakhonde pawo pomwe, pamaso pa anthu amene mayina awo ankawalemba m'kaundula. Mayi wina anangomanga mwana kumsana n'kunyamuka osatsanzika.

A Tsoka anafunidwa. Nambala yawo ya foni inali itasiya kugwira. Wina anati ali ku Mchinji, wina anati anawolokera ku Zambia. A Mwavi analemba makalata ku maesiteti anayi, yankho linabwera limodzi, lonena kuti dzinalo sakulidziwa. Patapita miyezi iwiri Yobu anayambanso kumanga, pang'onopang'ono, ndipo anafika pa nyumba makumi awiri ndi zinayi. Tsidya la mtsinje anangolisiya udzu. Tsopano Loweruka lililonse amatsegula yekha foda yobisika ija n'kukopera kafoda kake pa fulashi imene amaisunga m'thumba la malaya ake, ndipo njira yake anachita kukaphunzira kwa Gladness, pa ndodo zake, osati kwa mlamu wake.

A Mwavi akadali kalaliki ku Lukwa, ndipo anthu akadapitabe kwa iwo ndi mafoni ndi makalata. Manyazi amene anawathawa m'shopu muja akanatha asanafike n'komwe pa siteji ya minibasi. Amene anawapeza pakhonde pawo akukhala nawo mpaka lero. Uchi unali pafupi, ndipo woudziwa anali atatambasula kale dzanja kuti awaonetse pamene uli. Akuluakulu sananame pamene anati safunsa anadya phula.