Andituma a Malume

Panali munthu wina wa golosale pakamsika ka m'mbali mwa msewu wa tala. Dzina lake tingoti a Likagwa. Sanali munthu woipa, ayi. Pamaliro ankafika woyamba, ndipo sikelo yake ya shuga sinkaba.

Chaka china anayamba kuoda fodya wamakono uja wa batire, amene achinyamata akuti vepu. Akuluakulu inu mwina simunamuone. Ndi kanthu konga cholembera chonenepa, kosalira machesi. Munthu amangokoka, n'kutulutsa utsi wonunkhira mango kapena switi. Mwana atha kusuta kuseri kwa bafa n'kulowa m'nyumba, make n'kumayesa wadya chingamu.

Katunduyo anabwera ndi chipepala choletsa kugulitsa kwa munthu wosakwana zaka 18. A Likagwa anachimata pakhomo penipeni, ndipo ankachinyadira. Mwana akalowa n'kunena kuti akufuna vepu, ankamupirikitsa ndi tsache: "Tiye uko! Mkaka sunaume n'komwe pakamwapo!" Abambo osewera bawo pakhonde ankaseka n'kumati, koma a Likagwa ndiye amasunga lamulo.

Komatu kwathu kuno mwana amatumidwa. Mchere timatuma mwana, sopo timatuma mwana, ndudu nazo timatuma mwana. Akafika n'kugwada, ndalama m'manja awiri, n'kunena kuti "andituma," wogulitsa safunsa zambiri. Kufunsa ndiko kunyoza wamkulu amene wamutumayo.

Pamsika pomwepo panali a Mwachande, okonza njinga zamoto, amene anasiya ndudu n'kuyamba vepu. Manja ali girisi yekhayekha, ankatuma mwana wa mlongo wawo, Ndaziona, mtsikana wa zaka 14 wa Fomu 1, katswiri pa mpira wamanja. Ankabwera ndi yunifolomu, n'kugwada: "Andituma a malume." A Likagwa ankapereka mtima uli m'malo, poti wogula weniweni ankamuona ali tsidya la msewu, sipanala m'manja.

Mwezi wa Juni a Mwachande anafa pangozi. A Likagwa anatseka golosale tsiku lonse, ndipo popita kumanda ananyamula nawo bokosi paphewa pawo.

Patatha masabata awiri, Ndaziona analowa m'golosale. Anagwada monga mwa masiku onse. Maso ali pansi, anati, "Andituma a malume."

Abale anga, mwanayo malume ake anali amodzi, ndipo msika wonse unkadziwa. A Likagwa anamuyang'ana mwanayo, anayang'ana ndalama imene inali m'manja mwake. Mumtima anati, "Mwina alipo ena a kuchimuna. Ine ndine yani kuti ndiziwerenga abale a eni?" Anatenga vepu, anaikulunga m'nyuzipepala, n'kupereka. Pamene a Mwachande anali moyo, a Likagwa sanakulungepo n'kamodzi komwe. Nanga ngati ankakhulupiriradi, ankabisa chiyani?

Zinapitirira miyezi inayi. Mwanayo anali wa mphumu chibadwire, ndipo a Likagwa ankadziwa, poti mayi ake ankagula momwemo mafuta opaka pachifuwa. Ankamumva akutsokomola asanalowe, ankamva chifuwa chikulira ngati kamwana ka mphaka pamene akugwada. Tsiku lililonse ankati mawa ndimufunsa, koma mawalo silinafike.

Tsiku lina Ndaziona anagwa pabwalo la mpira, mpweya utamuthawa. Anamutengera kuchipatala, n'kumuika timapaipi m'mphuno.

Loweruka, tsiku la msika, dzuwa lili paliwombo, pakhonde pali thothotho anthu, mayi ake a Ndaziona, a Nangondo, anafika. Sanakuwe, sanatukwane. Analowa, n'kugwada pansi mayi wamkulu, ndalama m'manja awiri.

"Andituma achimwene," anatero.

Bawo linaima. A Likagwa anati, "Mayi, achimwene anu aja si tinaika?"

"Ooh, kani mukudziwa? Ine ndimayesa za malirowo simunamve. Miyezi inayi mwakhala mukuwagulitsa. Lero mwalekeranji?"

Anamasula mfundo ya chitenje, n'kukhuthulira pakauntala mavepu asanu ndi imodzi otha, amene anawapeza pansi pa matiresi a mwanayo. Anadzuka, anasansa fumbi m'maondo, n'kumapita. A Likagwa manyazi anawagwira, analakalaka nthaka itang'ambika. Osewera bawo anabalalika mmodzimmodzi, osatsanzika.

M'mawa mwake a Likagwa anatenga buledi ndi shuga m'jumbo, ulendo wa kuchipatala. M'njira ankakonza mawu. Adzanena kuti makasitomala ndi ambiri, munthu sangakumbukire onse. Adzanena kuti ana a masiku ano ndi ochenjera.

Atalowa m'wodi, Ndaziona anawaona. Mwanayo anayesa kudzuka kuti awapatse ulemu, timapaipi tili m'mphuno, mayi ake n'kumugoneka. Misozi inatsika. Ndi mawu odukaduka anati, "Bambo, pepani. Ndinkakunamizani. Sanali a malume."

Tamvani zimenezo! Mwana wosowa mpweya akuwononga mpweya wotsalawo kupepesa munthu wamkulu. Khomo lothawira linali lotseguka. Akanangoti "ndakukhululukira, usadzayambirenso," akanatuluka ali munthu wabwino, mwana n'kutsala ndi mlandu wonse.

A Likagwa anaika jumbo pansi. Anagwada pasimenti, wodi yonse ikuona, n'kunena kuti, "Iwe sunandinamize, mwanawe. Ndinkadziwa. Kuyambira tsiku loyamba ndinkadziwa."

Ndaziona anawayang'ana m'maso. Kenako anafunsa chapansipansi, "Ndiye bwanji simunandikanize?"

Mwanayo anatuluka m'chipatala patapita masiku khumi, koma pabwalo la mpira sanabwererenso chaka chimenecho.

Tsono inu mukupukusa mitu apanu, mukuti a Likagwa ndi oipa. Dikirani kaye. Mawu oti "andituma" anamuphunzitsa mwanayo ndani? Ine ndikuyankhula pano ndinatumapo mwana wanga kukagula ndudu, zaka zimene ndinkasuta, ndipo ndikakumbukira ndimachita manyazi. Ndinamuonetsa khomo ndi mawu otsegulira khomolo. Chimene lamulo lakaniza mwana kugula, musamutume. Nyamukani nokha, miyendo muli nayo. Ndipo inu ogulitsa, wamkulu akakwiya kuti mwabweza mwana wake chimanjamanja, akwiye, mawa mudzapatsana moni. Ana enawa akamagwada pamaso panu ndi bodza m'kamwa, mtima uli phaphapha, amakhala akudikira kuti wamkulu mmodzi anene kuti ayi.