Mvuu Ayankha Odi wa Intaneti

Senderani kuno ana inu. Nanunso akuluakulu, musamvere patali ngati akuba.

Kalekale, nyama zitangoyamba kukonda mpira, a Mvuu anagula kanema wamkulu ngati chitseko. Anafunanso intaneti ya faiba, ija imayenda m'kachingwe kopyapyala ngati ulusi, kodutsa pansi pa nthaka. Koma wokumba ndani? Anaitana Mfuko, katswiri wa mauna.

"Mphwanga, mema anzako. Chingwe chikafika, mpira tizidzaonera limodzi."

Mfuko anamema Nungu, Nkhanga ndi Fulu, n'kuwalonjeza kuti nawonso adzaonera mpira. Anakumba, anakumba, anakumba. Fuku fuku fuku! Kachingwe kanafika, kanalowa m'kabokosi, timagetsi tikuphethira, phethi phethi.

Tsiku la mpira, masana, okumba aja anafika atasamba. Chitseko chili tseke.

"Odi! Odi kuno!"

Zii.

Mwambo mukuudziwa: wa odi salowa asanayankhidwe, ndipo woyankhidwa sapirikitsidwa. A Mvuu ankaudziwanso, ndiye anangoti pakamwa tsekee.

"Mfuko, taona matuza awa," anatero Nungu. "Unatinamiza iwe."



Koma m'nyumbamo zinthu sizinali bwino. Kanema ankangozunguza kamkombero, zunguli zunguli, chithunzi osabwera. A Mvuu anasuzumira pawindo.

"Mfuko yekha abwere. Enanu sindinakuoneni."

Mfuko analowa, n'kuzemba kuseri kwa kanema. Anapeza chingwe chochokera ku kabokosi chili lende, osalumikiza. Anachigwira, osachilowetsa.

"Achimwene, intaneti ndi mlendo. Wachokera kutali, waima pakhomo, akuti odi. Inu simunamuyankhe."

"Ndiye nditani?"

"Muyankheni."

A Mvuu ananong'ona: "Lowani."

"Wayenda pansi ameneyu, m'makutu mwadzaza dothi. Kwezani."

"Lowani!"

Mfuko anakhudzitsa chingwe pang'ono. Chithunzi ng'ani, n'kuzimiranso.

"Mwaona? Wasuzumira. Koma sali yekha. Ali ndi osewera, oimbira, ochemerera. Mwaitana mmodzi, enawo akhumudwa."

Kutali kunamveka anthu akukuwa chigoli. A Mvuu mtima unawathawa. Anayasamula chikamwa chonse chija:

"Lowani nonse! Malo alipo!"

Mfuko chingwe lowetse. Chithunzi mbee! Chitseko nacho kwee!

"Zikomo, tamva," anatero Nkhanga, akusankha mpando wofewa.

Fulu anafika pomaliza, wefuwefu. "Kuitana kotereku, achimwene, mpaka tachita manyazi."

 A Mvuu atani, mudzi wonse wamva? Anakhala pansi pakona, minga ya Nungu ikuwabaya m'nthiti, n'kunong'oneza Mfuko:

"Kodi mawa ndidzamuyankhenso mlendoyu?"

"Tsiku lililonse, achimwene. Ngwaulemu kwambiri."

Yathera pompa, phulani zomwe munakwirira paphulusa zisanapserere. Wouma pakamwa mnansi akamati odi, amadzayankha odi wa chingwe. Mukapita kwanu, kagawireniko ena nthanoyi, makamaka aja ali ndi kanema.