Mbira ndi Nsalu ya Mikono Khumi ndi Iwiri

Kalekale, nyama zikuyankhulabe, Mbira anali ndi mchira wautali mkono wathunthu. Analinso ndi nsalu ya mikono khumi ndi iwiri imene anamusiyira malemu amayi ake. Mkazi wake anali woyembekezera, ndipo ankati nsaluyo adzadulako mbereko.

Koma Mbira, inu anzanga, ankakonda kutamidwa.

Anabwera Nyani. "A Mbira, mfumu ya mapiri, ndigawireniko theka la nsalu ija, ndikukakwatira."

"Mudzatenge pokolola," anatero Mbira, mchira uli gwedegwede.

Anabwera Njiri. "A Mbira, dzanja lopatsa, ine gawo limodzi chabe mwa magawo atatu a nsalu yonse."

"Mudzatenge pokolola."

Anabwera Fisi. "Ine langa ndi laling'ono, achimwene. Limodzi mwa magawo anayi."

"Mudzatenge pokolola."

Mkazi wake anafunsa, "Bambo, kodi mwayeza?"

"Ndiyezerenji, mayi? Zigawozo zikunka zichepa. Ya mbereko itsalapo."

Nthawi yokolola itakwana, atatu aja anafika pamodzi. Anayala nsalu pathanthwe. Nyani anaipinda pawiri, nadula mikono isanu ndi umodzi. Njiri anayeza inayi, nadula. Pathanthwe panatsala mikono iwiri yokha.

Fisi anayeza. Anayezanso. "Yanga ndi itatu, achimwene. Mkono wina uli kuti?"

Mbira anayang'ana Nyani. Nyani anali atakwera kale mumtengo. Anayang'ana Njiri. Njiri anali atalowa kuuna.

"Pepani, a Fisi, ndinalonjeza osayeza."

"Lonjezo ndi lonjezo," anatero Fisi, maso ali pamchira. Anauyeza, unakwana mkono ndendende. Anauluma kamodzi, khu! Nanyamula mchira ndi nsalu, ulendo.

Mwana anabadwa mvula itayamba. Mayi wake anamufunditsa masamba ouma m'phanga. Kuona zimenezo kunamupweteka Mbira kuposa bala.

"Amayi anga anaisunga nsalu ija moyo wawo wonse," ankalira. "Ine ndaimwaza pogula mayina okoma. Ndikanangoyeza!"

Mpaka lero mbira alibe mchira. Mukamuona ali duu pathanthwe, akulingalira zomwezo.

Nthano yanga yathera pamenepa, kaphuleni mbatata zingapserere. Koma mukumbukire: musanagawe, yambani mwayeza. Zigawo zooneka zazing'ono, mukaziphatikiza, zimatha kuposa chimene muli nacho.